Budapest: tilipire woperekeza wathuwathu wotilawitsa zakudya, kapena tiziyendere tokha?

NaPhiri wa ku Leeds
Abale, ndithandizeni maganizo. Mu Novembala ine ndi bambo a kunyumba tikupita ku Budapest, ndipo tikutenga apongozi anga aakazi amene tikukhala nawo kuno. Pa intaneti ndaona anthu akutsatsa ulendo woyenda wapansi m'dera limodzi la mzinda, kumalawa zakudya zamakolo za ku Hungary, muli ndi woperekeza wanuwanu osasakanikirana ndi alendo ena. Mtengo wake ndiye wandiumitsa pakamwa. Alipo amene anayesapo? Dziwaninso kuti apongozi ndi a Seventh Day, nkhumba sayandikira, mowa ayi, komanso mawondo amawavuta.

Limbani
Achemwali, sungani ndalama zanuzo. Kwerani tram (sitima ya mumsewu) 47 kapena 49 mukatsike pa Fővám tér, mulowe mu msika waukulu uja wa Nagy Vásárcsarnok. Pansi pali nyama, masoseji, paprika ndi zamasamba, pansanjika pali zophikaphika. Chilichonse chimene woperekezayo angakuonetseni chili momwemo, ndipo kulowa n'kwaulere. Kulipira munthu kuti akulozereni chakudya chimene maso anu akuchiona kale? Ine ayi.

Yamikani
Kkkk a Limbani mwayamba. Inu ngakhale madzi akumwa mumafunsa ngati pali kuchotsera.

Chisomo wa ku Budapest
Moni nonse. Ine ndimakhala konkuno, ku District VIII. A Limbani akunena zoona theka. Msika umenewo ndi wokongola ndithu, unatsegulidwa mu 1897, anaujambula Samu Pecz, denga lake ndi la matailosi amitundumitundu a Zsolnay. Mukapite mukauone. Koma pansanjika paja masana pamadzaza alendo okhaokha, mumadya mutaimirira wina akukugundani chigongono, ndipo mitengo ndi ya alendo. Anzanga a kuno akamapita kumeneko amakagula za pansi n'kumapita kwawo.

Chimene ambiri sadziwa n'chakuti chaka chomwecho cha 1897 mzinda unatsegulanso misika ina yofolera m'madera: wa pa Rákóczi tér, wa pa Klauzál tér ndi wa pa Hunyadi tér. Kumeneko n'kumene agogo a m'deralo amakagula ndiwo atakoka kangolo kawo. Koma Chingerezi n'chochepa, makamaka kwa ogulitsa achikulire, ndipo Chihungary sichifanana ndi chilankhulo chilichonse chimene munaphunzira kusukulu. Simungaganizire n'komwe zimene zalembedwa pa bolodi. Ntchito ya woperekeza imayambira pamenepo.

Limbani
Nanga foni ntchito yake n'chiyani? Mumangojambula bolodi, imakumasulirani.

Chisomo wa ku Budapest
Foni idzakuuzani kuti marhapörkölt ndi nyama ya ng'ombe, ndipo sinanama. Koma sidzakuuzani kuti anyezi wake anakazingidwa m'mafuta a nkhumba. Kuno kaphikidwe kachikale kamayambira pamenepo: mafuta a nkhumba, anyezi, paprika. Ena masiku ano amagwiritsa ntchito mafuta a mpendadzuwa, koma muyenera kufunsa mphika ndi mphika. Supu wa nyemba nthawi zambiri muli nyama ya nkhumba yowamba. Timabanzi ta pogácsa tina amathiramo zokazinga za chikopa cha nkhumba, ta dzina loti tepertős. Ngakhale főzelék, yemwe ndi masamba okhaokha pomuona, ufa wolimbitsira msuzi wake ena amaukazinga m'mafuta omwewo. Kwa apongozi a NaPhiri nkhani yagona apa.

NaPhiri wa ku Leeds
Mayo ine. Ndiye kuti ndikanangoona ng'ombe n'kuwaitanitsira. A Chisomo pitirizani, ndikulemba.

Mayi a Tadala
Ndiloleni ndilowerere, chifukwa ife tinachita ulendo woterewu chilimwe chathachi, ine ndi mchemwali wanga ndi mwamuna wake. Tinayamba tatsutsana ngati mmene mukuchitiramu, alamu anga akunena ngati a Limbani. Tinasankha woperekeza wathuwathu chifukwa mchemwali wanga ali ndi shuga ndipo sitinafune kuthamangitsidwa ndi gulu.

Mayi amene anatiperekeza anatilembera tisananyamuke, kufunsa zimene sitidya ndi mtunda umene tingathe kuyenda. Tinakumana pa Rákóczi tér m'mawa. Poyamba sanatidyetse kanthu, anangotiyendetsa mu msikamo. Anatiimitsa pa benchi ya zowawasa, zimene iwo amati savanyúság: kabichi, tsabola zoyera zoikamo kabichi m'kati, timavwende ting'onoting'ono tosapsa, zonse zili m'madzi awo. Pambali panali nkhaka za kovászos uborka. Zimenezi sathira viniga. Amaika nkhaka m'botolo lalikulu ndi madzi a mchere, adyo ndi masamba a dill, pamwamba n'kusanjika chidutswa cha buledi, kenako botololo amalisiya padzuwa masiku angapo mpaka madzi achite mbuu. Wogulitsayo anavuula imodzi n'kutidulira. Ndi yowawasa mofatsa, yokhutchuka pakamwa, ndipo woperekeza anati madzi akewo anthu amamwa ozizira kukatentha.

Kenako anatilowetsa mu butchala. Apa ndiye ndinadabwa, chifukwa butchala za kuno zina zimaphikanso. Kumbali kuli thireyi za soseji zootcha ndi hurka, mumaloza, amakuyezerani pa sikelo, amakuikirani pa mbale ndi masitadi ndi buledi, mumadya mutaimirira pa kashelefu ka kukhoma. Zinandikumbutsa pa chiwaya: amuna ovala za kuntchito, aliyense maso pa mbale yake, nkhani zochepa. Hurka ilipo ya chiwindi, májas, ndi ya magazi, véres, zonse zosakaniza ndi mpunga. Ya chiwindi ndi yofewa moti mukaiboola imatuluka yokha m'chikopa. Alamu anga amene ankadandaula za ndalama aja anapempha ina.

Tokha sitikanalowa m'menemo. Pakhomo palibe chithunzi cha chakudya, palibe mpando, ndipo mzere umayenda mwachangu moti ukachedwa kuloza wakumbuyo amakuusira moyo.

Yamikani
Mayi a Tadala, mwangofotokoza malo amene apongozi a eni ake sangapondemo kkkk.

Mayi a Tadala
Dikirani ndimalize a Yamikani. Ubwino wa woperekeza wanuwanu ndi womwewo, amasintha njira. Pa gulu la anthu ambiri malo amakhala atawakonzeratu, amene sadya nkhumba amangopatsidwa buledi ndi tchizi n'kumaonerera anzake.

Masana anatitengera ku kamalo kodyera kotchedwa étkezde. Timatebulo tochepa, nsalu za mabokosimabokosi, chakudya cha tsikulo chalembedwa ndi dzanja. Amatsegula nthawi ya nkhomaliro yokha, chikatha chatha. Kumeneko n'kumene ndinalawa tökfőzelék: maungu anthete opala mopyapyala, ophika ndi dill ndi kirimu wowawasa uja amati tejföl, msuzi wake wolimba woti supuni imatsala pang'ono kuima. Pamwamba anaika chibulunga cha nyama yogaya yokazinga. Kunena zoona, pa zonse zimene tinadya tsikulo chimenechi n'chimene ndimachikumbukirabe, kuposa makeke otchuka aja. Sichokongola pa chithunzi, n'chifukwa chake simuchiona pa Instagram.

Alinafe
Nanga goulash? Ine ndimaphika kuno ku Johannesburg, nyama ya ng'ombe yamsuzi wolimba, timadyera mpunga. Mwayenda ulendo wonsewo osaitchula?

Chisomo wa ku Budapest
Achemwali, chimene mumaphikacho kuno angachitche pörkölt. Mukaitanitsa gulyás, lomwe ndi dzina la goulash kuno, akubweretserani supu wamadzimadzi m'bakuli: ng'ombe, mbatatesi, karoti, njere za caraway, ndi timibulu ta ufa totsina ndi zala, csipetke. Chinali chakudya cha abusa a ng'ombe m'chigwa chachikulu cha kum'mawa, chophika panja mu mphika wachitsulo wopachika pamoto, bogrács. Pörkölt ndi nyama yophika ndi anyezi wambiri ndi paprika mpaka msuzi utsale wochepa. Mukathiramo tejföl, makamaka ikakhala nkhuku, yasanduka paprikás, ndipo amadyera nokedli, timibulu ta ufa ndi mazira tophika m'madzi owira.

Alinafe
Chabwino, ndamva. Koma ndifunse za paprika. Yanga nthawi zina imawawa ngati mankhwala, ndimaganiza kuti ndinagula yoipa.

Mayi a Tadala
Ifenso tinafunsa zomwezo. Woperekeza anati paprika ili ndi shuga wachilengedwe, ndiye ikakhala pa mafuta otentha kwambiri imapserera msanga n'kuyamba kuwawa. Anyezi akafewa phulani mphika, thirani paprika, takasani, kenako ikani nyama kapena timadzi musanabwezere pamoto. Komanso iwo sathira kansonga ka supuni ayi, amathira masupuni odzaza. Pogula yang'anani mawu oti édesnemes, imeneyo ndi yosawawa, yofiira bwino. Yolembedwa csípős ndiye yoyabwa. Anatiletsa kugula ya m'timatumba tansalu tokongoletsa tija, anati mukulipira nsalu, gulani ya m'paketi wamba yomwe amagula eni ake, ndipo onani deti chifukwa ikakhalitsa imafwifwa n'kutha fungo.

Bambo Gondwe
Ana anga, ndakhala ndikuwerenga mwakachetechete. Ndiwonjezeko pang'ono za paprikayo poti mbiri ndimaikonda. Tsabola ameneyu kwawo ndi ku America. Ku Hungary anafika m'nthawi imene Aturuki a ufumu wa Ottoman ankalamulira chigawo chachikulu cha dzikolo, ndipo Buda, mbali ya kumapiri ya Budapest wa lero, anali m'manja mwawo kuyambira 1541 mpaka 1686. Kwa nthawi yaitali anali tsabola wa anthu osauka, olemera ankagwiritsa ntchito tsabola wakuda wochokera kunja. Madera otchuka polima ndi Szeged ndi Kalocsa, kum'mwera. Ku Szeged komweko wasayansi Albert Szent-Györgyi anapeza kuti paprika ali ndi vitamini C wochuluka, moti anatha kumuchotsamo wambiri n'kumufufuza bwino. Analandira mphoto ya Nobel mu 1937.

Ndiye pa funso la NaPhiri ndinene chonchi. Woperekeza wabwino amakuuzani zinthu ngati zimenezi muli chiimire patsogolo pa nkhata za tsabola zopachikidwa pa benchi. Koma si onse amene ali abwino. Ena analoweza nthabwala zisanu basi.

Limbani
Mwaona? Bambo Gondwe atiuza zonsezi kwaulere. Ndalama ija tawapatseni iwowa.

Bambo Gondwe
Ine mafuta a nkhumba mu mphika wa eni ake sindingawaone ndili kuno, mwana wanga.

NaPhiri wa ku Leeds
Kkkk zikomo bambo. A Chisomo, ndiye apongozi akadya chiyani? Ndisawatengere ulendo wokaonerera ife tikudya.

Chisomo wa ku Budapest
Muuzeni woperekezayo kuti ulendo wanu ukhale wa ku District VII, Erzsébetváros, dera lakale la Ayuda. Kuchoka pa Rákóczi tér ndi pafupi, tram 4 kapena 6 imakutulani pa Blaha Lujza tér, mukawoloka msewu wa Rákóczi út mwalowa. Kumeneko kuli sunagoge wamkulu wa pa Dohány utca amene anamalizidwa mu 1859, wamkulu kuposa onse ku Ulaya. Deralo ndi lomwe linasandutsidwa ghetto, malo otsekeramo Ayuda, kumapeto kwa 1944, ndiye woperekeza wodziwa ntchito sangangokudyetsani osakuuzani zimene zinachitika m'misewu imeneyo.

Ayuda a ku Hungary ankaphika zakudya za dziko lomwelo koma m'malo mwa mafuta a nkhumba ankagwiritsa ntchito a tsekwe. Chakudya chawo chotchuka ndi sólet: nyemba ndi barele zophika pang'onopang'ono usiku wonse kuyambira Lachisanu, kuti pa Sabata asakoleze moto, pamwamba dzira lowiritsa ndi nyama ya tsekwe kapena ya ng'ombe yowamba. Ndikhulupirira apongozi anu nkhani ya kuphikiratu Lachisanu aimvetsa kuposa tonsefe. Chenjerani chabe: sólet amaphikanso m'malo amene si a kosher, ndiko kuti osatsata malamulo a Ayuda a zakudya, ndipo ena amaikamo nkhumba yowamba. Malo a kosher enieni alipo cha ku Kazinczy utca ndi Dob utca, koma amatseka kuyambira Lachisanu madzulo mpaka Loweruka.

Keke ya deralo ndi flódni. Ili ndi magawo anayi osanjikizana, pakati pake mtanda wopyapyala: njere za poppy zogaya, mtedza wa walnut, maapozi ndi jamu wa ma plum. Ndi yolemera, kagawo kamodzi mugawane awiri.

Komanso mwasankha mwezi wabwino. Pa 11 Novembala ndi tsiku la Martin Woyera, Márton-nap, ndipo masiku amenewo malo odyera ambiri amaphika tsekwe: supu wake, chiwindi chake, ndi mwendo wootcha ndi kabichi wofiira.

Esnart
Pepani ndilowerere, inenso ndine wa Sabata. NaPhiri, afunseni kaye amayiwo za tsekwe. Kwathu ena amadya bakha ndi tsekwe, ena sadya, zimatengera mmene anaphunzitsidwira. Musawaikire pa mbale musanamve. Chinanso ndi nsomba. Ndamva kuti kumeneko kuli supu wa nsomba wofiira, muonetsetse kuti mulibe nsomba yopanda mamba.

Chisomo wa ku Budapest
Mwachita bwino amayi. Ameneyo ndi halászlé. Kawirikawiri amaphika ndi carp, iwo amati ponty, yomwe mamba ili nawo. Koma ambiri amasakaniza ndi harcsa, mtundu wa mlamba, makamaka popanga msuzi. Ndiye n'zofunsanso. Kaphikidwe kake kalinso pawiri, ndipo eni ake amakangana nako kwambiri: a ku Szeged amasefa nsomba ndi anyezi kuti msuzi ulimbe, a ku Baja sasefa ndipo amadyera timanudo topyapyala. Musakanene kuti n'chimodzimodzi pamaso pa munthu wa ku Baja.

NaPhiri wa ku Leeds
Ndawafunsa pompano. Akuti tsekwe sanadyepo ndipo sayambira ku ukalamba. Nkhuku ndi ng'ombe basi. Akutinso ndikufunseni ngati kuli nsima kkkk.

Yamikani
Amayi anzeru amenewo. Tengani ufa m'chikwama.

Chisomo wa ku Budapest
Ndiye csirkepaprikás yophika ndi mafuta a mpendadzuwa iwakwanira, ndi nokedli. Dziwani kuti imeneyo simudzaipeza ku malo a kosher chifukwa iwo sasakaniza nyama ndi za mkaka, koma kumeneko ng'ombe ndi supu wa nkhuku angadye mtima uli m'malo, bola mufunse ngati mulibe mafuta a tsekwe. Lángos nayenso alibe vuto nthawi zambiri: mtanda wa yisiti wophwatalala wokazinga m'mafuta ambiri, amaupaka adyo, tejföl ndi tchizi. Mudye wotentha, akazizira amakhala ngati mphira. Ndipo musalole kuti akuunjikireni nyama ndi zina zambirimbiri pamwamba, zimenezo anayambitsira alendo ndipo mtengo umakwera nazo.

Limbani
Chabwino, pa nkhani ya apongozi ndagonja. Koma ndikufunsabe: munthu wopanda choletsa chilichonse ngati ine, alipire chifukwa chiyani? Ine ndinayenda ndekha, ndinadya lángos, ndinadya kürtőskalács, mtanda wotsekemera wokulunga pa chimtengo wootcha pa makala, ndinamwa pálinka, kachasu wawo wa zipatso, ndinadya keke ya Dobos torta. Chinandisowa n'chiyani?

Mayi a Tadala
Munadya főzelék?

Limbani
Ayi.

Mayi a Tadala
Munalowa mu butchala? Munadya túrós csusza, manudo a tchizi choyera? Munalawa salami ya mangalica, nkhumba zaubweya wopotanapotana zimene zinatsala pang'ono kutheratu cha m'ma 1990? Zimene mwatchulazo ndi zabwino, koma ndi zomwe zili pa msewu wa Váci utca, zoti mlendo aliyense amakumana nazo ngakhale asakufuna. Anthu a mu Budapest Lachiwiri masana sadya kürtőskalács.

Limbani
Mayi a Tadala mwandivula pagulu. Komabe ndalama ija ndi yambiri.

Bambo Gondwe
Ndi yambiridi, tisanamizane. Koma onani kawerengedwe kake. Ambiri amatchula mtengo wa ulendo wonse kapena amatsitsa pa munthu mukachuluka, ndiye munthu mmodzi zimamupweteka, atatu kapena anayi zimapepukako. Kwa woyenda yekha wopanda choletsa, ulendo wa pa gulu laling'ono ungakwanire.

Poti mwatchula Dobos torta: anaiyambitsa József Dobos, ndipo anaionetsa ku chionetsero cha dziko lonse ku Budapest mu 1885. Karamelo wolimba wa pamwamba uja ankathandiza kuti keke isaume msanga, nthawi imeneyo mafiriji kunalibe.

Esnart
Nanga zakumwa? Maulendo ambiri otere ndimaona amalemba kuti vinyo ndi pálinka zili mu mtengo. Munthu wosamwa akulipiranso zimenezo?

Mayi a Tadala
Funsani musanalipire. Ife mchemwali wanga samwa, ndiye anamusinthira ndi madzi a soda othira manyuchi a maluwa a elder, iwo amati bodza. Inde, dzina lake ndi lomwelo, tinaseka mpaka woperekeza anafunsa chimene chachitika. Ife ena tinalawa fröccs, vinyo woyera wosakaniza ndi soda, ndi kakapu ka Unicum, chakumwa chakuda cha zitsamba chowawa ngati sindikudziwa chiyani. Alamu anga anachimaliza chifukwa cha ulemu basi.

Yamikani
Ndiye mukuti ku Hungary munthu amagula bodza n'kumwa? Kwathu timalandira laulere nthawi ya kampeni.

NaPhiri wa ku Leeds
A Yamikani musandiseketse ndili pa ntchito. Chabwino abale, ndaganiza zotenga woperekeza, wa ku District VII. Ndimufunse chiyani ndisanatumize ndalama?

Chisomo wa ku Budapest
Mufunseni dera lenileni ndi mtundu wa malo amene mukaime. Akangoti msika waukulu ndi Váci utca, musiyeni, kumeneko mungapite nokha monga ananenera a Limbani. Mulembereni momveka kuti amayi sadya nkhumba ngakhale mafuta ake, sadya tsekwe, bakha ndi nsomba yopanda mamba, ndipo muone mmene ayankhire. Akayankha kuti palibe vuto osatchula chimene adzadye m'malo mwake, ameneyo sanaganizepo. Mufunsenso za mipando, chifukwa malo ambiri abwino ndi odyera choimirira, ndipo mu Novembala kuno kumazizira komanso kumada cha m'ma 4 koloko. Ku Pest, mbali ya mzinda kumene kuli District VII, n'kwachidikha, mawondo savutika ngati ku Buda kumapiri, koma misewu ya ku District VII ndi yopapatiza.

Sankhani tsiku la pakati pa sabata, muyambe m'mawa. Loweruka amayi sangayende, malo a kosher amakhalanso otseka, ndipo Lamlungu ma étkezde ambiri satsegula. Ndalama ya kuno ndi forint, si euro, ngakhale dzikoli lili mu European Union kuyambira 2004. Khadi imagwira pafupifupi paliponse koma mukhale ndi timapepala pang'ono ta mu msika. Mukamadya panokha yang'anani pa bilu mawu oti szervizdíj, akakhalapo ndiye kuti ya operekera zakudya aiphatikiza kale.

Mayi a Tadala
Ndipo musadye kadzutsa tsiku limenelo. Tiyi yekha.

Alinafe
NaPhiri, mukandigulireko édesnemes paketi ziwiri, ya m'paketi wamba ija. Mlongo wanga akubwera ku Leeds pa Khrisimasi, adzanditengera.

Limbani
Inenso imodzi. Koma mundiuze mtengo kaye.